Disitibyuta Imene Inatsala Pang'ono Kuchotsetsa Munthu Ntchito

Ana anga, kangapo konse mwandifunsa chifukwa chimene ndinapumira ntchito ndili makaniko wamba, pamene anzanga amene tinayambira limodzi anafika pa ufolomani. Amayi anu nkhaniyi akuidziwa, koma akamafotokoza amalumpha za injini, ndipo popanda za injinizo siimveka bwino. N'chifukwa chake ndati ndiilembe ndekha maso akadaona. Za ubwana wanga sindilemba, azakhali anu anakufotokozerani kale, mwinanso mowonjezera.

Kasungu Boma, kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980

Ntchito yanga yoyamba ndinaipeza pa garaja ina kuseri kwa msika. Eni ake anali a Gondwe, munthu wa ku Mzimba, wamfupi, wosaseka wamba, amene Chichewa chawo chinkabwera chitasakanikira ndi Chitumbuka. Ndinapita ndi satifiketi yanga ya kusukulu ya zaumisiri, ndikuyenda motukula mapewa. Iwo anaiwerenga, n'kuipinda, n'kundibwezera. Kenako anandilozera galimoto ya mphunzitsi wina imene inkakana kulira, nati, "Pepalalo ndaliona, a Mwale. Tsopano ndionetseni manja." Ndinamasula kabyuleta yonse, chida chosakaniza petulo ndi mpweya, tsiku lonse linathera pamenepo, galimoto osalira. Dzuwa litapendeka a Gondwe anabwera, anatsegula chivundikiro cha disitibyuta, anapala mapointi ndi kachidutswa ka sandipepa, galimoto n'kulira pomwepo. Sanandinyoze. Anangoti, "Galimoto ya petulo imafuna mafuta ndi moto. Amakaniko aulesi amathamangira ku mafuta chifukwa mafuta amaoneka ndi maso. Inu muziyamba mwafunsa moto. Mwapulika?"

Poti magalimoto amene mukuyendera masiku ano alibe chida chimenechi, ndifotokoze pang'ono. Disitibyuta ndi chitsulo chotalika ngati chimanga chimodzi chachikulu, chozikidwa pambali pa injini, chokhala ndi chivundikiro chakuda pamene pamatuluka mawaya asanu. Waya wapakati umabweretsa moto kuchokera ku koyilo, chida chimene chimakuza mphamvu ya batire. M'kati muli kamkono kozungulira, kamene timati rota, kogawira motowo ku mapulagi anayi, pulagi iliyonse pa nthawi yake. Pansi pa rota pali mapointi, timilomo tiwiri tachitsulo totseguka ndi kutseka, ndipo nthawi iliyonse tikatseguka moto umathetheka. Zonsezi zimayendetsedwa ndi shafuti yodutsa pakati, ya ngodya zinayi zimene zimatsegula mapointi, ndipo shafutiyo imazungulira m'kati mwa bushi yamkuwa imene imaigwira kuti isagwedere. Bushi ikadyeka shafuti imavina, mapointi amatseguka pamene afunira, moto umafika mochedwa kapena mofulumira, nthawi zina osafika n'komwe.

Ndinakhala ndi a Gondwe zaka zisanu ndi chimodzi. Ndili pomwepo ndinakwatira amayi anu, ndipo iwe Tiyamike unabadwira m'kanyumba ka lendi kumbuyo kwa garajayo. Maso a a Gondwe atayamba kuchita ng'ala anagulitsa malowo n'kubwerera kwawo. Pochoka anandipatsa filagiji yawo, timapeni tachitsulo topyapyala toyezera mpata wa mapointi, ndi kalata yopita kwa manijala wa esiteti ina ya fodya kufupi ndi Chamama.

Ku esiteti, zaka zoyambirira

Manijalayo anali a Kamanga, munthu wamtali, wovala malaya oyera ngakhale m'nyengo ya fumbi. Sanali munthu woipa, koma akagamula chinthu sankafuna kuchionanso kachiwiri. Esitetiyo inali ndi mabanja ambiri a matenanti olima fodya wa bale, ambiri ochokera ku Phalombe, Mulanje ndi Machinga. Ku wekishopu tinali amakaniko atatu, ndipo tinkasamala mathirakitala awiri, lole yonyamula mabelo kupita ku okushoni, injini ya chigayo, ndi pikapu imodzi yakale yoyera, ya petulo, imene inapatsidwa kwa ine ngati yanga. Pikapu imeneyi ndi imene inkatenga fetereza wapang'ono, makalata, chimanga cha matenanti. Munthu akadwala kumakomboni, kapena mayi akafika tsiku lake, ambulansi yathu inali yomweyo. Maliro akachitika inkanyamulanso bokosi.

Dalaivala wake anali a Makwinja. Iwowa anabwera pa esitetipo ngati tenanti kuchokera ku Phalombe, analima fodya zaka zinayi, kenako anaphunzira kuyendetsa thirakitala mpaka anatenga laisensi. Anali ndi ana asanu ndi nyumba ya malata ya esiteti, moyandikana ndi yathu. Anali munthu wosamwa, wolankhula pang'ono, ndipo m'mawa uliwonse ankapukuta galasi la pikapuyo ndi nsanza imene akazi awo ankaichapa Loweruka. Sindingati tinali pa ubwenzi waponda apa nane mpondepo, koma mchere ndi moto tinkapemphana, ndipo ana athu ankapita kusukulu limodzi.

Zaka zimenezo masipeya anali osowa. Unkapita ku Lilongwe ndi mndandanda wa zinthu khumi, n'kubwerako ndi ziwiri ndi lonjezo lakuti zina zili m'njira. Tinaphunzira kudzipangira. Gasiketi yotseka mipata ya injini ndinkadula pa katoni yolimba n'kuipaka girisi. Ndinapangapo mabulashi a sitata kuchokera ku makala a m'kati mwa mabatire a tochi. Paipi ya madzi ikang'ambika, mphira wa chubu cha njinga unkatifikitsa kumapeto kwa sabata. Matenanti anayamba kunditchula kuti Adokotala, ndipo ine dzinalo ndinalikonda kuposa m'mene ndinayenera kulikondera. Ndinkanena poyera kuti galimoto ili m'manja mwanga siigona podikira sipeya.

Chaka china, mvula itangoyamba, ndikusintha mapointi a pikapu ndinaona kuti shafuti ya disitibyuta yayamba kugwedera. Bushi inali itadyeka. Choyenera chinali kukauza a Kamanga kuti pakufunika disitibyuta ina, galimoto iime kapena iziyenda maulendo afupi mpaka itapezeka. Koma mwezi womwewo folomani wathu anali atapuma, ndipo a Kamanga ananena kuti fodya akatha kugulitsidwa adzasankha mmodzi mwa atatufe. Sindinafune kuti pikapu iime pa dzina langa. Ndinazula disitibyuta, ndinadula kachidutswa ka chitini cha mkaka wa ufa, ndinakapinda mozungulira shafuti n'kukakhomera m'kati mwa bushi. Kugwedera kunatha. Galimoto inayenda bwino dzinja lonse, ndipo sindinauze munthu aliyense, ngakhale a Makwinja. Mumtima ndinkati ndikakhala folomani ndidzaitanitsa yatsopano ndekha.

Mwezi wa Meyi, nyengo yodinda mabelo

Tsiku lina Lachinayi, ku chigafa chodindira mabelo, jeke yodindirayo inapsinja dzanja la tenanti wina, a Namaona. Anamanga dzanjalo ndi chitenje, a Makwinja n'kuwatenga pa pikapu kuthamangira kuchipatala ku Boma. Atayenda mtunda ndithu pa msewu wa mabampu uja, injini itatentha, galimoto inayamba kutsokomola. Inkaphulitsa ku ekizozi ngati mfuti, mphamvu n'kumatha, mpaka inazima pa dambo lina pansi pa chitunda. A Makwinja anayesa zonse zimene ankadziwa. Pomaliza anabwereka njinga kumudzi wapafupi, n'kupalasa ndi wodwalayo mpaka kumsewu waukulu kumene anapeza matola. Anafika kuchipatala mochedwa kwambiri. Dzanja linapulumuka, koma zala ziwiri anazidula.

Thirakitala itakokera pikapu ku wekishopu, a Kamanga anali atagamula kale. Masiku amenewo madalaivala ena ankapopa petulo n'kugulitsa, m'thanki n'kuthiramo palafini kuti geji isatsike, ndipo galimoto yomwa palafini imatsokomola chimodzimodzi. Anaitanitsa a Makwinja pamaso pa tonse.

"Petulo wa esiteti mwagulitsa kuti?"

"Bwana, sindinagulitsepo ngakhale dontho."

"Ndiye galimoto yosamalidwa ndi a Mwale ingazime yokha? Perekani makiyi. Pofika Lachisanu la sabata yamawa mukhale mutatuluka m'nyumba."

A Makwinja anapereka makiyi ndi manja awiri. Potuluka anandiyang'ana, osati mondiganizira choipa, koma ngati munthu wodalira kuti dokotala akayeza apeza choona. A Kamanga anandiuza kuti ndikhuthule thanki, nditsuke kabyuleta, n'kuwalembera lipoti.

M'mawa mwake ndinayamba ndi mafuta, poti ndiwo ankaimbidwa mlandu. Ndinamasula paipi ya ku kabyuleta n'kudonthezera pa pepala loyera. Petulo weniweni amauma osasiya kanthu, palafini amasiya banga la mafuta. Pepala linauma mbee. Ndinanunkhiza, ndinatikita pa zala, anali petulo. Kabyuleta inali yoyera, pampu inkapopa bwino. Ndinazula mapulagi. Awiri anali akuda ndi mwaye, awiri otuwa, kusonyeza kuti moto sunkafika mofanana. Waya wa ku koyilo nditauyandikiza ku chitsulo, moto unathetheka wabuluu, wamphamvu, ndiye koyilo inalibe mlandu. Pamenepo ndinadziwa kumene ndikulowera. Nditatsegula chivundikiro cha disitibyuta ndinapeza fumbi lonyezimira lachitsulo m'kati monse, ndipo nsonga ya rota inali itakanda timano tamkuwa ta m'chivundikiromo. Ndinagwira shafuti ndi zala ziwiri n'kuigwedeza. Inapita uku ndi uku ngati dzino la mwana lofuna kuguluka. Ndinazungulitsa injini ndi sipanala, n'kuyeza mpata wa mapointi ndi filagiji ya a Gondwe pa ngodya zonse zinayi za shafuti. Pena mpata unali waukulu, pena mapointi sankatseguka n'komwe. Kachitini kanga kaja kanali katanyenyeka, ndipo zinyenyeswa zake zinali zitapala shafuti ndi nyumba yake yomwe. Disitibyutayo inali itafa, ndipo woipha ndinali ine.

Ndinabwezera chivundikiro, n'kutseka boneti. Lachisanu limenelo sindinanene kanthu. Loweruka sindinanene kanthu. Lamulungu ndinapita kutchalitchi n'kuimba nawo nyimbo zonse. Lolemba a Kamanga anadutsa pa wekishopu kufunsa lipoti, ndinati ndikadafufuza. Masiku anayi amenewa ndi amene ndimachita nawo manyazi pa zaka zanga zonse za ntchito, ndipo sindikufuna kuti mudzawamve kwa munthu wina. Ndinkadziuza kuti ndingathe kulemba kuti thanki munali zinyalala, mawu osatchula palafini komanso osamukana. Ndinkaganiza za inu, za ufolomani, za dzina lija la Adokotala.

Lachiwiri m'mawa ndikumanga nsapato pakhonde, amayi anu anaima pakhomo.

"Bambo a Tiyamike, mayi Makwinja dzulo anagulitsa nkhuku zawo zonse. Lero akuti akachotsa ana kusukulu."

"Ndamva."

"Inu mwakhala masiku anayi osamaliza chakudya. Galimoto ija mwapezamo chiyani?"

Ndinawauza zonse, kuyambira pa chitini. Nditamaliza anati, "Ndiye nyumba imene ikuyenera kupakiridwa ndi ino, osati iyo."

"Akandichotsa tipita kuti ndi ana?"

"Kwathu ku Santhe munda ulipo. Khasu ndimalidziwa. Koma ine sindingamatunge madzi pa mjigo umodzi ndi akazi a pano ndikudziwa zimenezi, ndipo inu simungandiuze kuti ndiiwale."

Ndinapita ku wekishopu, ndinazula disitibyuta, ndinaikulunga m'nsanza n'kupita nayo ku ofesi. Ndinaiika pa tebulo la a Kamanga pamodzi ndi pepala lija la petulo, ndinawagwiritsa shafuti kuti aigwedeze okha, ndinawaonetsa zinyenyeswa za chitini pa chikhatho. Ndinati, "Bwana, a Makwinja sanabe kanthu. Chida ichi chinatha kalekale. Ine ndinachiona mvula itangoyamba, ndinachigamba ndi chitini, ndipo sindinakuuzeni chifukwa ndinkafuna ufolomani. Ndinazindikira Lachisanu, ndakhala chete mpaka lero."

A Kamanga anavula magalasi n'kuwapukuta nthawi yaitali. "A Mwale, mwandichititsa kutukwana munthu wosalakwa pamaso pa antchito anga. Mukudziwa zimenezo?"

"Ndikudziwa, bwana."

"Ku Lilongwe chinthu ichi chilipo?"

"Kulibe. Ndinafunsapo kale mwakachetechete."

"Eni esiteti akhala akundiuza kuti pikapu imeneyi ndiigulitse kwa ophwanya. Ikapita, dalaivala wake alibe ntchito, makaniko wake alibenso ntchito, odwala azipita pa ngolo. Lachisanu masana ndikufuna ndiikwere. Ikapanda kuyenda, mupakira nonse awiri."

Mtunthama, Lachitatu la sabata yomweyo

Chaka cham'mbuyo mwake ndinali nditapita ku Mtunthama kukakonza injini ya chigayo, ndipo kuseri kwa nyumba ina ndinaona galimoto yaing'ono ya mtundu umodzi ndi pikapu yathu, ya injini yofanana, itakhala pa njerwa pansi pa mtengo wa mango. Ndinamva kuti inali ya mphunzitsi wamkulu wina amene anamwalira, ndipo akazi ake ankakaniza aliyense kuigwira. Chiyembekezo changa chonse chinali pamenepo. Nditatulutsa njinga m'mawa, ndinapeza a Makwinja ataima pa geti ndi njinga yawo. Nkhani inali itawafika kale.

"A Makwinja, ndinakulakwirani," ndinatero.

"Tiyeni," anayankha. "Nyumba ikupitayi ndi yanganso."

Tinapalasa mtunda wonsewo pakati pa minda ya fodya yokololedwa, mapesi ali njoo.

Mayi wamasiyeyo anali a Nachisale, munthu wamkulu ndithu, wa magalasi okhuthala. Anatiyalira mphasa, ndipo titamaliza malonje ndinayamba kulankhula monga amalankhulira munthu wofuna kanthu. Ndinati galimoto ikangokhala imadyedwa ndi dzimbiri, ndinati kachida kamene tikufuna n'kakang'ono, sikaoneka n'komwe. Anandidula.

"Abwerapo ambiri, bambo. Wina ankafuna magudumu, wina zitseko. Amuna anga anaisunga galimoto iyi zaka zambiri, ankaipukuta ndi mpango wawo wam'thumba. Sindikufuna ndiione ikutha ngati ng'ombe pa bucha."

Iwo anayang'ana a Makwinja amene anali atangozyolika, n'kufunsa, "Nanga awa salankhula? Mwabwera limodzi koma mwakhala ngati mwakangana."

Pamenepo ndinasiya zokometsera, ndinafotokoza monga zinalili, za chitini, za zala za a Namaona, za palafini, za masiku anayi, za bodza la zinyalala m'thanki limene ndinkafuna kulemba. A Nachisale anamvetsera mpaka kumapeto.

"Ndiye wolakwa ndinu, ndipo mwadzinenera nokha kwa bwana wanu?"

"Inde, mayi."

"Ndipo pikapuyo ndi imene imatenga azimayi kupita kuchipatala?"

"Yomweyo," anayankha a Makwinja. "Chaka chino chokha ndatengapo ambiri. Mmodzi anachirira kumbuyo kwa pikapuyo tikufika pa geti."

A Nachisale analowa m'nyumba n'kutuluka ndi makiyi omangidwa pa kansalu. "Tengani chimene mwabwerera, china chilichonse musakhudze. Malipiro sindikufuna. Koma ikayenda mudzabwere nayo pano, ndidzaimve ikulira."

Mu boneti munali zisa za mavu ndi makoko a mtedza osiyidwa ndi makoswe. Disitibyuta inali yakuda ndi fumbi, koma nditagwira shafuti yake sinagwedere ngakhale pang'ono. Malemuwo galimoto yawo sankaiyendetsa kwambiri.

Ku wekishopu, Lachinayi ndi Lachisanu

Lachinayi lonse ndinathera pa benchi. Pansi pa mapointi pamakhala tizitsulo tiwiri tolemera tokhala ndi masipuling'i, timene timatambasuka injini ikathamanga kuti moto uzifika mofulumirirapo. Tonse tinali titagwirana ndi dzimbiri. Ndinamasula chilichonse n'kuviika m'beseni la palafini. A Makwinja, amene anakhala pa tayala tsiku lonse kundiyang'anira, anasuzumira m'besenimo n'kunena kuti, "Palafini uja wapezeka tsopano." Amakaniko anzanga anaseka, ine sindinayerekeze. Ndinapala tizitsuloto mpaka tinayamba kutambasuka ndi kubwerera tokha, ndinadonthezera oyilo, ndinaikamo mapointi ndi kondensa yowateteza kuti asapse, zonse za m'disitibyuta yakale, poti zinali zikadali zabwino, ndipo mpata wake ndinauyeza pa ngodya zonse zinayi. Unali umodzimodzi.

Lachisanu m'mawa ndinayamba kuika. Ntchito imeneyi siifuna mphamvu, imafuna kudekha, chifukwa ukalakwitsa dzino limodzi galimoto siilira. Ndinachotsa pulagi yoyamba, ndinatseka bowo lake ndi chala chachikulu, a Makwinja n'kumazungulitsa injini pang'onopang'ono ndi sipanala. Mpweya utayamba kukankha chala ndinadziwa kuti pisitoni yoyamba ikukwera kukalandira moto, ndipo tinaimitsa pamene chizindikiro cha pa pule, kagudumu koyendetsa lamba wa injini, chinakumana ndi kamuvi ka pa injini. Ndinalozetsa rota kumene kumakhala waya wa pulagi yoyamba n'kulowetsa disitibyuta. Mano a giya ya kunsi kwake ndi opendekera, ndiye polowa rota inakhota n'kupitirira. Ndinaizulanso, ndinabweza rota m'mbuyo dzino limodzi, ndinalowetsanso, n'kukhala pamalo pake. Kenako ndinalumikiza kababu kakang'ono ku mapointi, ndinatsegula kiyi, ndinapotoza disitibyuta pang'onopang'ono mpaka babu linangoti ng'ani. Pamenepo m'pamene mapointi akuyamba kutseguka. Ndinamanga bawuti.

A Kamanga anafika ndikulumikiza mawaya, ndipo kumbuyo kwawo kunali gulu la matenanti amene anasiya kusankha fodya kudzaonerera. A Makwinja anakhala pa chiwongolero n'kupotoza kiyi. Injini inalira, koma monjenjemera, ikugwedeza galimoto yonse, kenako inaphulitsa ku kabyuleta n'kuzima. Anthu anang'ung'udza. A Kamanga anayang'ana wotchi yawo. Koma khutu langa linali litamva kuti mapisitoni awiri okha ndi amene akugwira ntchito, ndipo zimenezo si za disitibyuta yakufa. Moto wa injini imeneyi umayenda motere: yoyamba, yachitatu, yachinayi, yachiwiri. Ndinatsata mawaya ndi chala ndikuwerenga mokweza, n'kupeza kuti chifukwa cha mantha ndinasinthanitsa wachitatu ndi wachinayi. Ndinawabwezera. "Tayesaninso, a Makwinja." Inalira kamodzi kokha, n'kukhazikika, ikung'ung'uza mofanana moti kapu ya madzi ikanakhala pa boneti osatayika.

Tinaiyesa pa msewu womwe uja, a Makwinja akuyendetsa, a Kamanga pambali pawo, ine kumbuyo nditagwira chitsulo. Tinadutsa mabampu onse injini itatentha, tinatsika pa dambo, tinakwera chitunda, osatsokomola ngakhale kamodzi. Titabwerera, a Kamanga anatsika n'kuima pamene anaima tsiku lija, anthu ali pomwepo. "A Makwinja, ndinakunenani kuti ndinu wakuba. Simunabe. Makiyi ndi anu, nyumba ndi yanu." Aka kanali koyamba ndi komaliza kuwamva akubweza mawu awo. Ine anandiitanira ku ofesi n'kundiuza kuti ntchito ndikhala nayo, koma ufolomani ndiuiwale nthawi yonse imene iwo ali pampando. Anakhalapo mpaka chaka chimene ndinapuma. Koma kuyambira tsiku limenelo, makaniko wina aliyense akawapatsa lipoti, ankati, "A Mwale aona?" Ndipo lamulo lakuti chigamba chilichonse chilembedwe pa khadi la galimoto, ndi tsiku lodzachichotsa, ndinaliyambitsa ndine.

A Namaona atatuluka m'chipatala ndinapita kukomboni kukawauza ndekha. Anayang'ana dzanja lawo lomangidwa bandeji, nati, "Adokotala enieniwo anati jeke inali itaziphwanya kale. Kaya zikanapulumuka, kaya ayi, akudziwa ndi Mulungu. Koma mwabwera, khalani pansi." Sindinadziwe ngati anandikhululukira kapena anangotopa. Chaka chimenecho zigafa zawo ndinawathandiza kufolera Loweruka lililonse, ndipo sanandiletse.

Patapita sabata ziwiri, a Kamanga anatilola kupita ku Mtunthama. A Nachisale anatuluka atavala chitenje chatsopano. Anaima pafupi ndi boneti kumvetsera, dzanja lili pa chitsulo chofunda, kenako anapempha kuti tiwazungulitse. Tinawafikitsa pa msika n'kubwerera. Potsika anati, "Amuna anga galimoto ankaikonda, koma kuyendetsa sankatha. Chida chawocho lero chaona dalaivala." Anatipatsa mtedza m'kathumba.

Pobwerera, titafika pa dambo lija, a Makwinja anaimitsa pikapu pambali pa msewu n'kuzimitsa injini.

"A Mwale, masiku anayi aja ana anga ankatchulidwa ana a wakuba kusukulu. Zimenezo sindidzaiwala."

"Sindingakupempheni kuti muiwale."

"Koma tsiku la Lachiwiri lija palibe amene akanakugwirani. Mukanalemba za zinyalala m'thanki, ine bwenzi ndili ku Phalombe, inu muli folomani. Limenelonso sindidzaliiwala."

Anatapa mtedza m'kathumba kaja, n'kundipatsa kathumbako kuti nditapenso. Tinadya pang'ono, makoko tikuponya pa windo. Kenako anapotoza kiyi, injini inalira nthawi yomweyo, ndipo chitunda chija tinachikwera pa giya yachitatu.